Tsiku Limene Yosefina Anakana Kuseka

Nyumba ya Yosefina Shawa ku Chiparamba inali ndi zonse kupatula denga. Makoma analipo, a njerwa zootcha zomangidwa ndi dothi, malo a zitseko ndi mazenera analiponso, ndipo pabalaza panamera bonongwe wonenepa amene azilamu ake ankathyola osapempha. Anaimanga pang'onopang'ono ndi malipiro a uphunzitsi, mwamuna wake Abel atamwalira. Malata anati adzagula ndi ndalama zopumira ntchito. Anapuma mu 1993, ataphunzitsa ana a eni mpaka mawu kusasa, ndipo anauza akalipentala kuti asapite kutali chifukwa awaitana mwezi wamawa. Akalipentalawo anadikira, anadikiranso, kenako anakapeza ntchito ku Katete.

Dzinja linafika nyumbayo ili kukamwa yasa. Madzi ankalowa pamwamba pa makoma n'kumadya dothi la pakati pa njerwa. Yosefina anaphimba makomawo ndi udzu ndi matumba a feteleza, mphepo n'kudzazimwaza m'minda ya anthu. Dzinja lotsatira khoma la kumadzulo linang'aluka, mng'alu woti mkono n'kulowa. Aliyense wodutsa ankanena zimodzimodzi, zoti mvula ikaipezanso nyumbayo ili chomwecho, pamenepo padzatsala chulu.

Mwini wake anali akadali ku Chipata, m'nyumba ya sukulu. Lamulo la ntchito linkati wopuma asatuluke m'nyumba ya boma mpaka atalipidwa zake ndi kupatsidwa lole yomutengera kwawo. Lamulo labwino ndithu, koma silinkadziwa za Yohane Daka, mphunzitsi amene anabwera kudzalowa m'malo mwake. Yohane, mkazi wake ndi tiana tawo ankagona m'chipinda chosungira madesiki othyoka, kuseri kwa makalasi. M'mawa uliwonse mkazi wa Yohane ankapereka moni mwaulemu kwambiri, maso ali pakhonde la Yosefina. Sanafunsepo kuti muchoka liti, ndipo bwenzi zili bwino akanafunsa. Moni umenewo unkamuwawa Yosefina tsiku lonse.

Chimene chinkachedwetsa zonse chinali faelo. Faelo ya munthu wopuma inkayenera kunyamulidwa pamanja kuchoka ku ofesi ya ku Chipata kupita ku Lusaka, n'kukaiyendetsa khomo ndi khomo mpaka onse oyenera kusaina atasaina. Ukaitumiza pa positi ndiye kuti waiika m'manda. Wonyamula mafaelowo anali Boaz Chisanga, kalaliki wamkulu, munthu wamfupi, wadazi, wa pakamwa potsekemera. Tsoka la Yosefina linali lakuti Chisanga anali Mbemba, iye ali Mngoni.

Amene anakulira kuno akudziwa kale tanthauzo lake. Mngoni ndi Mbemba ndi asuweni a chimbuya. Makolo awo anamenyana kalekale, atatopa n'kugwirizana kuti nkhondo yotsala ikhale ya pakamwa. Mbemba akakumana ndi Mngoni amamutcha kapolo wodya mbewa, Mngoni n'kubweza kuti wakuba wodya anyani, kenako n'kugawana fodya. Sukwiya. Ngakhale atagwira nkhuku pabwalo pako iwe ukuona, umangomutukwana ukuseka, n'kudikira tsiku lokagwira yake. Wokwiyira msuweni wa chimbuya ndiye amasekedwa, anthu amati sanaleredwe.

Tsono taganizani Yosefina akulowa mu ofesi ija, mawu atawakonza njira yonse, nkhope atailimbitsa. Pabenchi pali okalamba anzake opuma ntchito, zipewa zili pamaondo. Chisanga ankangomuona pakhomo n'kuimirira, manja atatambasula.

"Wabwera mkazi wanga. Kodi mbewa zatha kumunda kuti uzidzasaka mu ofesi ya boma?"

"Iwe kapolo, faelo yanga ili kuti? Kapena unaphikira nyani?"

Benchi yonse inkafa ndi phwete. Chisanga ankati faeloyo ili bwinobwino, ipita ulendo wotsatira. Nthawi zina ankati mafuta a galimoto palibe, nthawi zina abwana ali kumsonkhano, nthawi zina ankangofunsa kuti Mngoni ndalama achita nazo chiyani popeza ndiwo amakumba pansi. Ankatuma mesenjala kukamugulira tiyi ndi vitumbuwa. Yosefina ankatuluka akupukuta misozi ya kuseka, ndipo akafika poimira maminibasi m'pamene ankazindikira kuti wabwereranso chimanjamanja.

Ankaona ndi maso ake mmene ena ankathandizidwira. Mkulu wina wachitonga, amene anali kapitawo wa zamisewu, analowa tsiku lina n'kumenya tebulo ndi ndodo, n'kunena kuti sachoka, agona momwemo ndipo mkeka wabwera nawo. Chisanga sanaseke. Faelo ya mkuluyo inakwera basi sabata yomweyo. Yosefina anaona ndipo anamvetsa, koma ndodo yomenyera tebulo la Chisanga iye analibe.

Panalinso china choposa mwambo. Pamaliro a Abel, Chisanga anabwera ndi Abemba anzake a m'tauni. Ndiwo anakumba manda, kutema nkhuni, kutunga madzi ndi kuphika, anamfedwa atangokhala ndi chisoni chawo, monga chimbuya chimafunira. Bokosi litafika kumanda, Chisanga anadumphira m'dzenje n'kugona chagada, n'kunena kuti satuluka mpaka Angoni amulipire, chifukwa Abel anali kapolo wake ndipo wathawa ntchito osatsanzika. Yosefina, amene anali asanadye kapena kulankhula chimwalirire mwamuna wake, anangopezeka waseka. Kuseka kumeneko ndiko kunamubweza kwa amoyo, ndipo sanaiwale. Munthu wotere sukhala ndi poyambira pomukalipira.

Mwezi uliwonse ankadutsa pasitolo ya Che Uledi kukafunsa mtengo wa malata, ngati munthu wokhudza chilonda kuti amve ngati chikuwawabe. Mtengowo unkakwera ulendo uliwonse, kwacha ikunka nifooka. Che Uledi, Myao amene makolo ake anachokera ku Mangochi, anafika posiya kumuuza mtengo, ankangopukusa mutu. Tsiku lina anamuitanira mwana wake Fathima, amene anabwera kuchokera ku Lusaka kudzaona makolo. Yosefina anamukumbukira nthawi yomweyo, kamtsikana kamene kankakhala kutsogolo m'kalasi, kofunsa mafunso mpaka kutopetsa. Tsopano anali loya.

Fathima anamvetsera nkhani yonse atakhala pathumba la simenti. Za chimbuya ankazidziwa ngati mmene munthu amadziwira gule wa mudzi wina, sizinkamukhudza. Anafotokoza kuti njira ilipo. Khoti lalikulu, limene woweruza wake ankabwera ku Chipata kuchokera ku Lusaka nthawi ndi nthawi, lili ndi mphamvu yolamula ofesi ya boma kuti igwire ntchito imene lamulo linaipatsa. Woweruza satulutsa ndalama m'thumba mwake, koma amatha kulamula kuti faelo iyi iyende, n'kuika malire a nthawi, ndipo wonyozera amayankha mlandu wonyoza khoti. Anati mlanduwo auimira ulere, chifukwa cha a e i o u amene anamuphunzitsa. Yosefina anafunsa kuti woimbidwa mlandu adzakhala ndani. Fathima anati ndi boma.

"Koma boma lilibe miyendo, aphunzitsi. Amene adzaime m'bokosi kuyankha ndi a Chisanga."

Yosefina anathokoza, ananyamula kachikwama kake n'kumapita. Anati akaganizire kaye.

Anaganizira mpaka mvula inagwa. Paja zengerezu adalinda kwawukwawu. Mu Januwale mlamu wake anabwera pa njinga, thalauza lili matope okhaokha, kudzamuuza kuti khoma la kumadzulo lagwa lonse ndipo latenga mbali ya khoma la pakati. Yosefina sanalire. Anamanga chitenje n'kulunjika ku ofesi, atalumbira mumtima kuti lero sipakhala nthabwala. Anaima patsogolo pa tebulo osapereka moni, n'kunena kuti nyumba yake yagwa.

Chisanga anagwira pakamwa ngati wamva chisoni, koma maso akuseka. Anatembenukira kubenchi n'kufunsa okalamba aja ngati anamvapo za Mngoni wodziwa kumanga, anthu amene anayenda ulendo wonse wochokera kumwera akugona m'nyumba za eni. Benchi inaseka. Mesenjala anaseka. Ndipo Yosefina anamva milomo yake ikutambasuka yokha, mawu obwezera atafika kale palilime. Anati bola Angoniwo, kusiyana ndi anthu ogona m'mitengo pamodzi ndi ndiwo zawo. Ofesi yonse inaomba m'manja. Atatuluka anakakhala pansi pa mtengo wa mango kuseri kwa ofesiyo ali ndi mkwiyo, osadziwa ngati wakwiyira Chisanga kapena pakamwa pake pomwe. Masana omwewo anakapempha Che Uledi kuti amuimbire foni Fathima.

Nkhani inafika kutchalitchi msanga kuposa masamoni a khoti. Sesiliya, mnzake wa m'kwaya, anamutengera pambali Misa itatha n'kumufunsa ngati mutu wake ukuyenda bwino. Anati chiyambire dziko msuweni wa chimbuya satengeredwa kukhoti, ndipo anamufunsa kuti tsiku lake likadzafika adzamukumbira manda ndani. Yosefina anayankha kuti manda akukumbika kale okha ku Chiparamba, mvula ndiyo ikugwira khasu. Sesiliya sanaseke, ndipo Yosefina anaona kuti ngakhale yankho limeneli latuluka ngati nthabwala.

Chisanga yekha ndiye sanade nkhawa. Atalandira masamoni anayenda nawo ofesi ndi ofesi kuonetsa anzake, akunena kuti mkazi wake wachingoni akufuna kumusudzula pamaso pa jaji. Kwa iye imeneyi inali nthabwala yaikulu kuposa zonse zimene Yosefina anapangapo, ndipo anamutumizira uthenga womuyamikira, pamodzi ndi kapaketi ka shuga. Yosefina anakayang'ana kapaketiko nthawi yaitali. Kubweza sakanatha, kugwiritsa ntchito sakanathanso, ndiye anakapereka kwa mkazi wa Yohane.

Amene amaganiza kuti khoti limathamanga kuposa ofesi sanasumepo. Woweruza atabwera ulendo woyamba, milandu ya kupha inadya nthawi yonse. Atabweranso, loya wa boma sanafike, akuti galimoto inafera ku Nyimba. Yosefina ankavala diresi lake la ku Misa, n'kukakhala pabenchi ya khoti tsiku lathunthu, n'kubwerera. Benchi inali ina, koma kuuma kwake kunali komweko. Anthu anakolola chimanga, anakumba mtedza, thonje linapita kumsika, nyumba ya ku Chiparamba ikadali yosafolera. Fathima ankamulimbitsa mtima kuti mlandu suola. Yosefina ankayankha kuti mlandu suoladi, koma khoma limaola.

Mlanduwo unalowa mu Ogasiti, mphepo ikuulutsa fumbi m'misewu. Dzulo lake Fathima anamuchenjeza chinthu chimodzi, kuti akafunsidwa anene zoona zokhazokha, ndipo azinene nkhope ili bwino, chifukwa m'khoti mulibe msuweni. Yosefina anavomera ndi mutu. Mumtima ankati mwanayu sakudziwa chimene akupempha.

Khoti linadzaza. Abemba a m'tauni anabwera kudzaonerera, Angoni nawonso, akukankhana ndi kutukwanizana pakhomo ngati ku Mtenguleni tsiku la Ncwala, mwambo wa Angoni. Woweruza anali munthu wa kumadzulo kwa dziko, woonda, wa magalasi okhuthala, wosaseka wamba.

Loya wa boma sanakane kuti Yosefina ayenera kulipidwa. Mfundo yake inali imodzi yokha. Anati khoti limalamula ofesi pokhapokha munthu atapempha momveka, ofesiyo n'kukana kapena kunyozera. Mayi awa sanadandaulepo. Ankabwera ku ofesi kudzacheza ndi msuweni wawo, kumwa tiyi ndi kuseka, ndipo mboni zilipo benchi yathunthu. Anati ngati ali ndi dandaulo, akayambe kaye kulipereka ku ofesi monga amachitira anthu onse, kenako adzabwere. Yosefina anadziwa tanthauzo la kenako ameneyo, linali dzinja lina.

Chisanga analowa m'bokosi, analumbira, n'kuvomereza zonsezo mokondwa. Fathima anamufunsa chifukwa chake ena amene anapuma pambuyo pa Yosefina analipidwa kale. Anayankha mosabisa, pakuti sankaona choti abise. Anati ulendo wa ku Lusaka umapezeka mwa apo ndi apo, ndipo munthu mmodzi sangathamangitse mafaelo onse nthawi imodzi. Ankayamba ndi a anthu ovuta, oopseza, okanena kwa akuluakulu.

"Ya amayi awa ndinkati ndi ya m'nyumba, adzamvetsa. Sanakwiyepo ndi tsiku limodzi lomwe, bwana."

Apa m'pamene Yosefina anamvetsa. Akanakhala kuti Chisanga ankamuda, bwenzi zili zopepuka. Koma ankamukonda, ankamuwerengera ngati wake, ndipo kumuwerengera kumeneko ndiko kunagwetsa khoma lake.

Kenako inafika nthawi ya Yosefina. Woweruza anafuna kumva kuchokera pakamwa pake mawu enieni amene ankanena akafika ku ofesi. Yosefina anayang'ana Fathima, Fathima n'kugwedeza mutu. Ananena. Womasulira, bambo wachikulire wa tayi, anatembenuzira m'Chingerezi nkhope ili gwa, kuti mboni inkafunsa kapoloyo ngati faelo anaphikira nyani. Khoti linaphulika. Wapolisi wa pakhomo anabisa nkhope m'chipewa. Ngakhale woweruza anavula magalasi n'kuyamba kuwapukuta, nthawi yaitali kuposa imene magalasi amafuna. Loya wa boma anangotambasula manja, ngati akuti mwadzimvera nokha.

Phokoso litatha, woweruza analankhula pang'onopang'ono, womasulira akutsatira. Anati kwawonso chisuweni chotere chilipo ndipo amachilemekeza, koma iye sangaweruze mlandu potengera kuseka.

"Mayi, ndiuzeni chinthu chimodzi. Munkasewera, kapena munkadandaula?"

Yosefina anayang'ana Chisanga. Anali atakhala pabenchi ya kutsogolo, ataweramira patsogolo, akumwetulira, nsidze zili m'mwamba, kudikira chipongwe chachikulu chimene ankadziwa kuti mnzakeyo wamusungira. Ndipo chipongwecho chinalipodi. Chinafika chokha palilime, chakupsa bwino, choti anthu akanachibwereza m'mabala ndi m'misika mpaka chaka chamawa. Akanachinena, khoti likanaseka, Chisanga akanamugwira chanza panja, Sesiliya akanamukumbatira, ndipo mvula ikanamaliza ntchito yake ku Chiparamba. Anachimeza.

"Sindinkasewera, bwana. Ndinkaseka chifukwa kwathu sitiloledwa kuwakwiyira anthu awa."

Kenako anatembenuka, ngakhale Fathima anali atamuuza kuti azilankhula ndi woweruza yekha.

"Bambo Chisanga, ndinabwera kwa inu nyumba yanga ikung'aluka, munaseka. Ndinabwera itagwa, munaseka. Ntchito ndinagwira, ndipo zanga ndi zanga. Munandilakwira, bambo. Ndakwiya."

Womasulira anamasulira, koma palibe amene ankamumvera. Mngoni anali atapatsa Mbemba ulemu pagulu, kumutcha bambo m'malo mwa kapolo, ndipo aliyense wa mitundu iwiriyo anadziwa kuti chinachake chaduka. Kumwetulira kunakhalabe pankhope ya Chisanga kanthawi, ngati kwaiwalika pamenepo, kenako anaweramitsa mutu n'kumayang'ana nsapato zake.

Woweruza sanachedwe. Anati munthu amene wakhala akupita ku ofesi zaka zonsezi kukafunsa zake wapempha mokwanira, kaya ankaseka kaya ankalira, ndipo ofesi imene imadikira kuti munthu amenye tebulo yanyozera ntchito yake. Analamula kuti faeloyo ipite ku Lusaka ndi kumalizidwa mvula isanayambe, apo ayi mkulu wa ofesiyo adzabwere yekha kudzafotokoza. Panja Fathima anamugwira manja onse awiri akusangalala. Sesiliya anaima patali. Abemba aja anadutsa pafupi naye mmodzimmodzi, ena akuvula zipewa. Yosefina anali atawina, koma ankayenda ngati wochokera kumanda.

Faelo imene inakanika kuyenda zaka inanyamuka sabata yomweyo. Zikuoneka kuti mafuta a galimoto analipo nthawi yonseyi. Ndalama zinabwera mu Okutobala, zowerengedwa monga zinalili chaka chimene anapuma, ngati kuti mitengo ya zinthu inakhala pansi kumudikira. Che Uledi anamutsitsirako mtengo mpaka pamene akanathera, komabe malata anangokwana mbali imodzi ya nyumba. Yosefina anamangitsanso khoma la pakati, n'kufolera chipinda chogona ndi balaza. Mbali imene inagwa anaisiya, anati adzabzalamo maungu. Anamvanso kuti akuluakulu, pofuna wina woti asenze manyazi awo, anamuchotsa Chisanga patebulo la mafaelo n'kumuika kumagalimoto, munthu woti naye watsala pang'ono kupuma. Yosefina sanafune zimenezo, koma walira mvula walira matope.

Lole ya boma inafika kunyumba ya sukulu m'mawa wina, mitambo itayamba kusonkhana chakum'mawa. Wotsika kutsogolo anali Chisanga, pakuti kuperekeza malole inali ntchito yake tsopano. Anali atavala jekete. Anavula chipewa n'kufunsa kuti mwauka bwanji mayi, ndipo anadikira yankho ataweramitsa mutu. Anathandiza kunyamula kabati, bedi ndi makina osokera mosamala kwambiri, akufunsa pa chilichonse kuti achiike pati. Lole isanatuluke n'komwe pageti, mkazi wa Yohane anali atayamba kale kusesa pakhonde.

Yosefina anakhala kutsogolo, pakati pa dalaivala ndi Chisanga. Chisanga anamufunsa ngati wakhala bwino, ndiponso ngati atseke zenera chifukwa cha fumbi. Atapatuka pamsewu wa tala n'kulowa msewu wa dothi, anadutsa anthu akugulitsa mbewa zowamba, atazitunga patimitengo n'kumazikwezera m'mwamba kuti a m'galimoto azione. Yosefina anadikira. Chaka chatha Chisanga akanaimitsa lole pamenepo, n'kulengeza kwa dziko lonse kuti mkazi wake wafika pahotela. Chisanga anayang'ana mbali ina, n'kunena kwa dalaivala kuti msewu uno ukufuna kukonzedwa.

Ku Chiparamba azilamu ndi oyandikana nawo anawalandira ndi nthungululu. Malata atsopano ankathobwa m'maso. Katundu atatsika, mlamu wake wamkazi, amene kukhoti sanapiteko, anamva kuti mlendo wa jeketeyo ndi Mbemba. Anathamangira m'nyumba n'kubwera ndi mbale ya ufa, n'kuiika pafupi ndi mapazi a mlendoyo akuseka. Ndi mmene zimakhalira. Mngoni akapeza chatsopano, msuweni wake amamuthira ufa kumutu mpaka ayere mbuu, n'kunyoza chinthucho kuti ndi chakuba kapena chokhota, ndipo m'pamene anthu amati chadalitsika. Anthu anapanga bwalo kudikira. Yosefina anavula duku lake yekha, n'kuima pamenepo mutu uli pamtunda.

Chisanga anayang'ana mbaleyo, osaikhudza.

Yosefina anayesa. Mawu anatuluka ang'onoang'ono, osamveka ngati ake.

"Waona, kapolo iwe? Ife timagona m'nyumba."

Chisanga anayang'ana denga, anayang'ana makoma, anayang'ananso mulu wa njerwa zakugwa umene unali kumadzulo. Pamenepo panali chipongwe chongotola, choti ngakhale mwana akanachiona. Anagwira chipewa ndi manja awiri pachifuwa.

"Mwamanga bwino, mayi. Mulungu akusungeni m'nyumba yanu."

Anawerama pang'ono, anatsanzika kwa onse mwaulemu, n'kukwera lole. Dalaivala analiza injini. Anthu aja anayang'anana, kenako anayamba kubalalika mmodzimmodzi, aliyense atakumbukira ntchito imene anasiya.

Mvula yoyamba inagwa madzulo a tsiku lomwelo, yamphamvu, ya fungo la fumbi. Yosefina anakhala pampando pakati pa katundu wosamasula, duku lili m'manja, akumvera phokoso la pamalata limene analidikira zaka zonse zija. Denga silinadonthe pena paliponse. Analira mmene sanalirire tsiku limene khoma linagwa, ndipo panalibe wina woti amuseketse.